Mapu a M'bokosi la Mabatani

Ndimafuna singano, Merle,
koma ndapeza mapu.
Nyuzipepala yachita chikasu ngati mano a nkhalamba,
yopindidwa kanayi pansi pa mabatani.
Iowa yense ali apa,
wosokedwa zigamba zigamba ngati bulangete la amphawi,
maboma zana limodzi kupatula limodzi,
ena ofiira, ena abuluu,
Mississippi akunyambita kum'mawa,
Missouri kumadzulo.

Lathu ndi ili, lomwe chala changa chaphimba.
Lofiira. Lonse psuu,
ngati wina anagubuduza chitini cha penti
pa minda, pa makola a nkhumba, pa manda,
ndi pa ine ndemwe.

Koma ine ndinalipo usiku umenewo.
Lachiwiri la Novembala, chimanga chitakololedwa,
mphepo ikukwawa pansi pa chitseko
cha holo ya ozimitsa moto.
Tinali atatu pa tebulo:
ine, Lorene Tjaden wa magalasi omanga ndi ulusi,
ndi Arlo Dvorsky, yemwe ankayamba wanyambita chala
asanagwire pepala lililonse.
Makina anatsamwa,
ndiye tinawerenga ndi manja.

Mazana awiri, khumi ndi mmodzi uku.
Mazana awiri ndi anayi uko.
Anthu asanu ndi awiri okha,
oti akwane m'galimoto ya abusa
malo a dengu n'kutsalako.
Wina analemba dzina la galu wake.
Tinamudziwa, sitinanene.

Iwe unachonga wofiira, sunabise.
Ine wabuluu, sindinapepese.
M'mawa muja unati,
"Verna, tikungokafafanizana,
bwanji tikhale, tisunge petulo?"
Ukunena choncho n'kuti utavala kale
jekete lako la kutchalitchi.
Makilomita khumi ndi atatu a msewu wa miyala,
wailesi titaitseka kuti isatiyambanitse,
iwe ukudandaula za mtengo wa soya,
ine ndikuwerenga mitengo ya magetsi.

Mapu sadziwa zimenezo.
Sadziwa Oleta Rasmussen,
yemwe anabwera akukoka botolo la mpweya
nakana kuthandizidwa kugwira cholembera.
Sadziwa Eusebio wa ku fakitale ya nyama,
woponya voti yake yoyamba m'dziko lino,
yemwe anandifunsa kawiri konse
ngati bokosi limakhomedwa ndithu.
Sadziwa mnyamata wa a Brandvold
amene anaima panja ola lathunthu, fodya m'manja,
n'kubwerera osalowa.

Pakati pa usiku, pa kanema,
mwamuna wa tayi anagusa boma lathu ndi chala.
"Anthu a kuno," anatero,
ngati anamwapo madzi a pachitsime chathu.
Amati chala chimodzi sichiswa nsabwe,
koma chake chinaswa tonse kamodzi
n'kudumphira boma lina.
Buluu anamuwunjika m'mizinda ya masukulu aakulu,
kufiira n'kukumwaza m'minda,
ngati kuti mapesi nawonso anafola pamzere.

Amene anapambana analamulira, n'kuchoka.
Anabwera wina, nayenso anachoka.
Sukulu ya pulayimale anaitseka.
Lorene ali kuseri kwa tchalitchi,
mizere iwiri kuchokera pamene wagona iwe.
Arlo sakumbukanso dzina langa,
koma akaona pepala amanyambitabe chala.

Chisankho chathachi ndinapita ndekha.
Wailesi ndinaitsekabe.
Nditaponya, pepala linagwa mopepuka,
popanda lina lolidikira mkatimo
kuti alimbane, agwetsane, agone limodzi.
Zaka makumi anayi ndinkalakalaka
voti yanga itayenda yokha.
Yayenda.
Ndinakhala m'galimoto mpaka magalasi anachita nthunzi.

Ndapindanso mapu momwe analili.
Pa mpindiro, pomwe pali boma lathu,
penti yafufutika, pepala lang'ambika pang'ono,
kuwala kwa pawindo kukudutsa.
Singano sindinaipeze.
Ndapeza batani lakuda la jekete lija,
lomwe unkati ndisoke chisankho chisanafike.